Banamali Jena ndi Anzake Khumi ndi Atatu

"Makina salira maliro, Sukanta," anatero kapitawo pafoni, mawu ake akulimbana ndi phokoso la fakitale ya nsalu ku Surat. "Tsiku lobwera tinapangana. Ukalumphitsa limodzi lokha, pamakina ako ndiikapo wina. Anthu ali pamzere panja pano."

"Ndamva, bwana. Ndifika."

Sukanta anadula foni n'kuisomeka m'chiuno, pansalu yoyera imene anamanga. Linali tsiku lachinayi chimwalirire bambo ake, ndipo mwambo unali utamumanga manja ndi miyendo. Kwa masiku khumi sankaloledwa kuvala nsapato, kumeta kapena kupita kutali, ndipo ankadya kamodzi patsiku, mpunga wopanda mafuta ndi chikasu chomwe. Munthu wozolowera kuthamanga pakati pa makina maola khumi ndi awiri tsopano ankangozungulira pabwalo ngati nkhuku yofuna poikira. Akakhala pakhonde ankanyamuka kupita kukhola la ng'ombe. Akafika kukhola ankabwerera pakhonde.

Ngakhale mtembo sanauone. Sitima yochokera ku Surat imatha usana ndi usiku wonse panjira, ndipo iye pofika anapeza phulusa litazizira kale. Moto wowotchera mtembowo anayatsa ndi mwana wa bambo ake aang'ono.

M'nyumba munamveka chitsulo chikukhwekhwerezeka pansi. Anali mlongo wake Minati, akukoka bokosi la malemuwo kuchokera kunsi kwa bedi.

"Iwe, ukufuna chiyani m'menemo? Masiku khumi sanakwane."

"Mapepala sadziwa za masiku khumi, achimwene. Talowani muone."

Bokosilo linali lodzaza mpaka kukamwa. Munalibe chovala ngakhale chimodzi, mapepala okhaokha, omangidwa ndi chingwe mitolomitolo, mtolo uliwonse chaka chake. Pamwamba pa mtolo watsopano panalembedwa ndi zilembo zikuluzikulu: Banamali Jena ndi anzake khumi ndi atatu.

A Banamali, bambo ake a Sukanta, anagwira ntchito ya boma zaka pafupifupi makumi atatu, koma boma linali lisanawalembe m'buku lake. Ankatsegula ndi kutseka geti ya ngalande imene imathirira minda ya mpunga ya midzi isanu, ndipo ankalipidwa ngati waganyu, tsiku ndi tsiku, opanda tchuthi, opanda penshoni. Zaka zisanu ndi zinayi zapitazo anasonkhanitsa anzawo a mageti ena n'kukasuma kukhoti la ku Cuttack. Patatha zaka zisanu ndi chimodzi khoti linagamula kuti onse alembedwe ntchito yokhazikika pasanathe miyezi itatu, ndipo zaka zawo zonse ziwerengedwe. Ofesi ya zothirira sinakane. Inangoyamba kuyendetsa fayilo. Inapita kulikulu, inabwerera kuti pakusowa chidindo. Chidindo chitapezeka, wosayina anasamutsidwa. Wolowa m'malo mwake anati ayambe waiwerenga kaye. Choncho loya wawo anabwereranso kukhoti kukadandaula kuti ofesiyo ikunyozera chigamulo. Nkhaniyo ili m'kati, tsiku lina m'mawa, a Banamali anagwa pageti pawo, chitsulo chopukusira geti chili m'manja.

"Loya wawo, mayi Tripathy, anandiimbira," anatero Minati, amene, monga mchimwene wake, ankatchula bambo awo kuti Bapa, mayi awo kuti Bou. "Mlandu ukulowa tsiku lakhumi ndi chitatu la malirowa. Akuti tipite tonse atatu, ine, inu ndi Bou, tikasayine kuti tikulowa m'malo mwa Bapa. Tikapanda kutero, gawo lawo lifera limodzi ndi iwo, ndipo Bou penshoni sadzaiona."

"Tsiku limenelo ndili ndi sitima."

"Sitima zimayenda tsiku lililonse."

"Ntchito zimapezeka tsiku lililonse? Iwe uli ndi mwamuna wa sitolo ku Aska, ukhoza kuyankhula motero. Ine ndikaphonya sitima imeneyo, ana anga adya mapepala awawa?" Anakankha mtolo umodzi ndi chala cha kuphazi. "Zaka zisanu ndi zinayi! Munthu anawina mlandu koma anafa ali waganyu. Ndiye kuwina kwake n'kotani?"

"Musaponde, achimwene."

"Sindinaponde."

Bou anakhala pamkeka pakona, nsana atatsamira khoma. Manja awo anali opanda zibangili kwa nthawi yoyamba chikwatiwire, ndipo ankangosisita pamene zinkakhala. Sanatukule mutu.

Tsiku lachisanu ndi chimodzi, dzuwa lili paliwombo, njinga yamoto inaima kunja kwa mpanda. Anatsikapo a Rath, kalaliki wamkulu wa kuofesi ya zothirira, bambo wonenepa wa mpango wopukutira thukuta pakhosi. Sanalowe. Khomo la maliro limakhala lodetsedwa mpaka tsiku lakhumi, ndipo wolowapo ayenera kukasamba. Anaima patali pang'ono n'kukodola Sukanta ndi dzanja.

"Pepani, mwana wanga, pepani. Bambo ako anali ngati m'bale wanga. Tinkakangana, inde, koma mano ndi lilime zimalumana zili m'kamwa mmodzi."

"Zikomo, Rath Babu," anatero Sukanta, powatchula mwaulemu wa akuluakulu a muofesi.

"Ukukhala bwanji kwa eni nsalu kuja? Ndimamva kuti mumagona khumi m'chipinda chimodzi, wina akadzuka wina n'kugona pomwepo, mkeka osazizira."

Zinali zoona.

"Ndisazungulire. Mpunga uli ndi pakati, geti singakhale yopanda munthu. A injiniya akuti, bwanji mwana wa Banamali? Geti anakulira pomwepo, akuidziwa. Uyambe pa wani mwezi wamawa. Kudzuka m'nyumba mwako, kudya chophika mkazi wako, ana kumakuona tsiku lililonse."

Sukanta anasendera pafupi ndi mpanda. "Ndiye ine ndichite chiyani?"

"Palibe. Ndi pamene pakukomera, palibe chochita." A Rath anapukuta khosi. "Za ku Cuttack zija mungozisiya zigone ndi mwini wake. Sindikukupempha kusayina kanthu ayi. Ndikungoti usasayine. Ukudziwa, a khoti akamva zoti munthu wamwalira akudikira, amatentha mutu, n'kuyamba kuitana akuluakulu kuti akaime pamaso pawo ngati ana a sukulu. Ndiye mkulu wochititsidwa manyazi angalembe ntchito mwana wa amene wamuchititsa manyaziyo? Ganiza. Fodya wako ndi amene ali pamphuno, wa pachala ndi wa mphepo. Undiyankhe tsiku lakhumi ndi chiwiri."

Njinga itapita, Sukanta anatembenuka n'kupeza mkazi wake Jhunu ataima pakhomo la khitchini, mwana wawo wamng'ono atagwira nsalu ya mayi ake. Kamtsikanako kanali ndi zaka zitatu, ndipo chifikire Sukanta kankabisala akakayandikira. Maso a Jhunu anali atanena kale kuti avomere.

Minati ndiye sanadikire. "Ndamva zonse. Mukufuna kugulitsa penshoni ya Bou ndi ganyu?"

"Penshoni yake iti? Unaiona? Inabwera ndi mtundu wanji?"

"Khoti linagamula!"

"Linagamula zaka zitatu zapitazo, ndipo Bapa anafa asanalawe ngakhale tiyi wa chigamulocho. Ine ndikakhala pano, Bou ndiwasamala ndekha. Akadwala usiku, akawatengera kuchipatala ndani? Iwe uli ku Aska? Kapena fayilo?"

"Ndiye mukhale pagetipo zaka makumi atatu, mudzagwe pomwepo ngati iwo, mwana wanu adzalandire chopukusira. Ufumu wa banja lathu umenewo."

"Pakamwa pako, Minati!"

"Tsekani ndi geti yanuyo."

Kuyambira pamenepo awiriwo ankalambalalana pabwalo. Sukanta sankakhazikika. Ankawerenga masiku ndi zala, kuwayambiranso, kutulutsa tikiti ya sitima, kuibweza. Akaganiza za Surat ankamva fumbi la thonje pakhosi. Akaganiza za geti ankaona bambo ake akubwera madzulo, matope mpaka m'mawondo, kalata ya loya ili m'thumba la malaya. Ankapita kukhola, kuthira udzu ng'ombe zokhuta kale, n'kubwerera.

Tsiku lachisanu ndi chitatu kunabwera a Dhruba, mmodzi wa anzawo khumi ndi atatu aja, nkhalamba yowonda ya geti ya kumunsi. Iwo za kudetsedwa analibe nazo ntchito. Analowa, anakhala pakhonde, nati akasamba kungalande pobwerera, madzi ndi a boma, saperewera.

"Ndamva kuti Rath anafika," anatero atapuma. "Anaimira kunja ngati wogulitsa nsomba zowola?"

"Anafika, Mausa," anayankha Sukanta, powapatsa ulemu wa mnzawo wa bambo ake.

"Anakuuza za fodya wa pamphuno?"

Sukanta anadzidzimuka. A Dhruba anaseka mpaka kutsokomola.

"Nyimbo yake ndi imodzi yomweyo, sasintha ndi mawu omwe. Anawaimbiranso bambo ako, mlandu utangotha chaka uli kukhoti. Anati, Banamali, iwe ndiwe wodziwa kulemba, enawa amangodinda chala. Chotsa dzina lako, tikulemba ntchito yokhazikika iwe wekha mwezi uno, kalata nayi. Ndinaiona ndi maso angawa, chidindo chili pomwepo. Ankadziwa kuti ukadula mutu, njoka yonse yagona."

"Ndiye Bapa anatani?"

"Anaipinda bwinobwino n'kumubwezera. Eee, munthu uja!"

A Dhruba ankayembekeza kuti mnyamatayo anyadira. Koma Sukanta anaimirira pang'onopang'ono, nkhope itachita mdima. Mlandu utatha chaka. Chinali chaka chomwecho chimene iye anasiya sukulu ya zamagetsi ku Berhampur, itangotsala miyezi isanu ndi itatu, chifukwa kunyumba kunalibe chomulipirira. Chaka chomwecho anakwera sitima ya ku Surat koyamba, bambo ake atamunyamulira chikwama mpaka pasiteshoni, osanena chilichonse za kalata.

Analowa m'nyumba mwaliwiro. "Bou, munkadziwa?"

Mayi ake anamuyang'ana. Anali atamva zonse kudzera pawindo. "Ndinkadziwa."

"Munkadziwa, n'kundisiya ndipite? Zaka zisanu ndi zitatu ndikumeza thonje, ana anga akundithawa ngati mlendo, chifukwa Bapa ankafuna kutamandidwa ndi madoda a mageti?"

"Tsitsa mawu, mlendo ali pakhonde."

"Amve! Iwowo ndi amene anadya sukulu yanga!"

Bou anasuntha pamkeka, nawongola mwendo umene unachita dzanzi. Anayankhula mosakweza mawu. "Ukuganiza kuti ine ndinawaombera m'manja? Miyezi iwiri sindinawayankhule. Mpunga ndinkangowaikira pansi ngati ndikuikira mphaka. Tsiku limene unakwera sitima, atabwerako kusiteshoni anakakhala kuseri kwa khola mpaka dzuwa kulowa. Ndinawafunsa kuti, mwakhuta tsopano? Anangoti, anthu aja anadinda zala zawo papepala limene sankatha kuwerenga, chifukwa ine ndinawauza kuti dindani."

"Ndiye ine?"

"Iwe anakulakwira. Ankadziwa, ndipo anapita nazo pamoto wa maliro akudziwa." Anasisitanso mkono. "Ine sindikuuza chochita, mwana wanga. Minati asakunamize kuti ndikulirira penshoni, ndakhala zaka zonsezi popanda. Ndipo sindikukupempha kuti ukhale bambo ako. Mmodzi anakwana m'nyumba muno."

Sukanta atatuluka anapeza pakhonde palibe munthu. A Dhruba anali atafika kale kumsewu, akuyenda mowerama, osatembenuka.

Tsiku lakhumi amuna onse a pabanja anapita kudziwe. Wometa anadutsitsa lumo pamutu pa Sukanta, tsitsi likugwera pamapewa, wansembe akutchula mayina a makolo. Anasamba, anavala nsalu yatsopano. Tsiku lotsatira anadyetsa abale ndi anansi, ndipo mafuta ndi chikasu zinabwerera mumphika. Anthu ankamugwira paphewa n'kumati bambo ako anali munthu, iye n'kumangogwedeza mutu. A Dhruba anabwera, anadya kumapeto kwa mzere, nachoka osatsanzika.

M'mawa wa tsiku lakhumi ndi chiwiri Sukanta anavala nsapato, anatenga chitsulo chopukusira geti chimene anthu anabweretsa pamodzi ndi mtembo, nachimangirira panjinga ya bambo ake.

"Mukupita kuti?" anafunsa Minati.

"Kukavomera."

Minati anatsegula pakamwa, koma Bou anamugwira mkono.

Ofesi ya zothirira inali nyumba yachikasu yakale, makoma ake akuda ndi nkhungu. Mlonda anamulozera benchi ya pakhonde. Benchiyo inali yosalala ngati yopaka mafuta, ndipo Sukanta anakhalapo chitsulo chili pamiyendo. Ola linatha. Pawindo ankaona mafayilo ataunjikana mpaka kudenga, ena atamangidwa m'nsalu zofiira zotuwa ndi fumbi. Wa tiyi analowa, anatuluka. Ola lachiwiri linatha. Sukanta anaimirira, anayenda mpaka kumapeto kwa khonde, anabwerera, anakhalanso. Bambo wina wachikulire amene anakhala pambali pake anamuyang'ana mutu wometawo.

"Ndinu mwana wa a Banamali? Mwakhala pamalo pawo penipeni. Ankakonda kumapeto kumeneko, akuti kumawomba kamphepo."

Dzuwa litapendeka a Rath anamuitana. Anali akutsuka m'manja atatha kudya.

"Aa, wabwera! Ndinadziwa kuti ndiwe wanzeru kuposa... chabwino, tisawanene omwalira. Ndiye pa wani uyambe."

"Zikomo, Babu. Ndiye kalata yanga ndilandira lero?"

"Kalata yanji?"

"Ya ntchito. Yosonyeza kuti ndalembedwa."

A Rath anaseka, nayang'ana makalaliki anzawo kuti aseke nawo. "Ganyu ali ndi kalata? Bambo ako anali ndi kalata? Iwe uzingotsegula geti, dzina lako tizilemba pa kaundula wa mwezi ndi mwezi. Zikadzayenda bwino, m'tsogolo muno, tidzakutumizira fayilo kulikulu."

"Idzatenga nthawi yaitali bwanji?"

"Ee, zimenezo ndi za kumwamba. A injiniya lero kulibe, apita kumsonkhano. Udzabwere Lolemba, kapena Lachitatu ndi bwino. Kuona maso a nkhono n'kudekha, mwana wanga."

Sukanta anayang'ana benchi ija kudzera pakhomo. Kenaka anamva kuseka kukutuluka m'kamwa mwake, kuseka kouma kumene sanakukonzekere. Ananyamula chitsulo chija n'kuchiika pathebulo, pamwamba penipeni pa mafayilo. Girisi wakuda anadetsa chikuto cha fayilo ya pamwamba.

"Iwe! Mapepala a boma amenewo!"

"Nachonso ndi cha boma, Babu. Chisungeni. Mawa ndili ndi ulendo."

Sanasankhe zopita ku Cuttack chifukwa chowakhululukira bambo ake. Popalasa njinga kubwerera kumudzi mkwiyo unali ukadali pomwepo, pansi pa nthiti. Koma anali atakhala pabenchi ija maola anayi okha, ndipo anadziwa kuti zaka makumi atatu sangazithe.

Atafika anapeza Jhunu akupeta mpunga kuseri. Anamuuza zonse ataima. Jhunu anapitiriza kupeta kwa kanthawi.

"Ndiye mubwerera ku Surat."

"Ndibwerera."

"Chabwino," anatero, osamuyang'ana. "Mwanayu ndiye muzimuimbira foni kawirikawiri. Azidziwako mawu."

Ananyamuka m'bandakucha, iye, Minati ndi Bou, pabasi yoyamba ya ku Cuttack. Bou anali asanayendepo ulendo wautali chotero, ndipo anagwira chitsulo cha mpando wa kutsogolo njira yonse. Basi ikudutsa ku Berhampur, Sukanta anaona denga la siteshoni patali. Sitima yake inali yonyamuka pakati pa m'mawa. Anaimbira kapitawo kuti achedwa ndi tsiku limodzi.

"Usavutike n'kuthamanga," anatero kapitawo. "Pamakina ako ndaikapo kale wina."

Minati anamva. Anatulutsa nthochi m'chikwama, anaisenda, nampatsa mchimwene wake. Iye analandira.

"Ku Surat mafakitale ndi ambiri ngati nyerere," anatero Sukanta atameza. "Usandiyang'ane ngati ndamwalira ndine."

Mayi Tripathy anali loya wamfupi wa imvi, woyenda mofulumira ngati akuthawa mvula. Anawalandira pakhonde la khoti, anagwira manja a Bou kanthawi, kenaka anatulutsa mapepala. Minati anasayina, Sukanta anasayina, Bou anadinda chala n'kuchiyang'ana chili chobiriwira ndi inki.

M'chipinda cha mlandu munali modzaza maloya a mikanjo yakuda. Anadikira mpaka masana. Kenaka wina anaitana mokweza, "Banamali Jena ndi anzake khumi ndi atatu!" ndipo Bou anadzidzimuka, natembenukira kukhomo ngati mwini dzinalo alowa.

Zonse zinayankhulidwa m'Chingerezi, ndipo sizinathe ndi mphindi khumi zomwe. Sukanta anangoona loya wa boma akuwerama, akutambasula manja, woweruza akuvula magalasi n'kufunsa funso lalifupi. Mayi Tripathy anayankha, nalozera kumene kunakhala Bou ndi nsalu yawo yoyera. Woweruza anawayang'ana, kenaka anayankhula kwa nthawi ndithu, mlembi akulemba, loya wa boma atazyolika.

Panja mayi Tripathy anawafotokozera. "A boma amapempha miyezi ina itatu. Woweruza anafunsa kuti mwa anthu khumi ndi anayi aja atsala angati amoyo. Ndinati khumi. Ndiye wakana. Mayina anu alowa m'malo mwa bambo anu. Wapereka masabata anayi kuti onse alembedwe, ndipo omwalira awerengedwe ngati anafa ali pantchito yokhazikika, akazi awo alandire penshoni. Zikapanda kuchitika, mkulu wa dipatimenti yonse adzabwere yekha, ndi miyendo yake, adzafotokoze chifukwa chake asalangidwe."

"Ndiye zatheka?" anafunsa Minati.

"Sindinena kuti zatheka mpaka mayi anu atagwira buku la penshoni m'manja. Koma akuluakulu aja kuima pamaso pa woweruza amakuopa kuposa matenda. Nthawi zambiri fayilo imene yagona zaka zitatu imadzuka usiku umodzi." Anayang'ana wotchi. "Ndili ndi mlandu wina. Musachoke musanaonane ndi kalaliki wanga, ali ndi katundu wanu."

Kalalikiyo anali mkulu wa mano ofiira, wokhala pa kathebulo pansi pa mtengo kunja kwa mpanda wa khoti. Atamva dzina anatsegula kabati, natulutsa kamtolo komangidwa ndi ulusi.

"Awa ndi a bambo anu. Ankagula pobwera, n'kundisungitsa a ulendo wotsatira, kuti mwina tsikulo positi ofesi idzakhala yotseka."

Anali mapositikhadi khumi ndi atatu. Kutsogolo kwa lililonse kunali dzina ndi mudzi, m'zilembo zoongoka za a Banamali. Kumbuyo kunali kopanda kanthu.

"Anzawo aja sakanatha kulipira basi ulendo uliwonse," anatero kalalikiyo. "Ndiye mlandu ukatha ankakhala pasitepe apo, ine n'kumawauza zimene woweruza wanena, iwo n'kumalemba m'chiyankhulo chathu. Onse khumi ndi atatu, mmodzimmodzi, ngakhale tsiku limene mlandu wangoimitsidwa. Ndinkawauza kuti, akulu, basi ikusiyani. Ankati ikandisiya ndikwera ina."

Sukanta anamasula ulusi n'kuyamba kuwerenga mayina. La a Dhruba linali lachiwiri. Atatu mwa makhadiwo sanalembedwe mayina a amuna, koma a akazi awo amasiye. Pa lomaliza, lopita kwa mayi wina wa kumudzi wa kutali kumapeto kwa ngalande, panali mawu ang'onoang'ono m'munsi mwa adiresi. Anawayandikitsa kumaso.

A positi, mayiwa sadziwa kuwerenga. Chonde muwawerengere kawiri. Galu wawo amangouwa, saluma.

Anaima pomwepo nthawi yaitali, khadi lili m'manja. Magalimoto ankadutsa, maloya ankakuwirana za tiyi. Bou anasuzumira kuti aone, ndipo Minati anawawerengera motsitsa mawu. Bou anapukusa mutu, nakoka nsalu kuphimba pakamwa.

"Basi yomaliza inyamuka posachedwa, achimwene," anatero Minati.

Sukanta anapita pasitepe paja, anapukuta fumbi ndi dzanja, nakhala pansi. Anaika makhadi pabondo.

"Tandibwereka cholembera," anatero. Kenaka anatembenukira kwa kalaliki uja. "Akulu, tayambirani poyamba. Munene pang'onopang'ono."